Edward Jenner, Dokotala wa Kumudzi Amene Adayambitsa Katemera

Tsiku la sikelo likakwana timalawirira m'chisanu cha kuno ku Lobi, mwana kumsana, kabuku ka kuchipatala m'manja. Mlangizi wa zaumoyo akaitana dzina, mwana amalira pang'ono, timamuyamwitsa n'kutonthola, ndipo tikatero timabwerera kudimba kukathirira kabichi ndi tomato wathu. Ndi ochepa mwa ife amene adayamba adzifunsapo kuti katemera ameneyu adachokera kuti, nanga adamuyambitsa ndani. M'kope lino tikufuna tikambirane za moyo wa munthu ameneyo. Dzina lawo ndi a Edward Jenner, dokotala wa kumudzi wa ku Mangalande, amene adamwalira zaka zoposa 200 zapitazo. Iwo sadapondepo ku Africa kuno, koma palibe khomo pakati pathu limene silidapindule ndi ntchito yawo.

Nthomba, matenda amene ankaopsa dziko lonse

Ana athu a masiku ano saidziwa nthomba yeniyeni, ndipo ena amaisokoneza ndi katsabola. Agogo athu amene adakula m'nthawi ya atsamunda ndiwo angatiuze bwino. Nthomba inkayamba ndi kutentha thupi kwambiri, litsipa ndi kuwawa kwa msana. Pakapita masiku awiri kapena atatu, munthu ankatuluka timatuza kuyambira m'kamwa ndi kumaso mpaka m'zikhatho ndi kumapazi. Timatuzato tinkadzaza mafinya, kenako n'kuuma n'kukhala nkhanambo. Mwa anthu khumi alionse amene ankadwala nthomba yoopsayo, pafupifupi atatu ankamwalira, ndipo ana aang'ono ndiwo ankafa kwambiri. Opulumuka ankatsala ndi zipsera zokumbika kumaso moyo wawo wonse, ena ankachita khungu. Mankhwala ochiza kudalibe.

M'zaka za m'ma 1700, ku Ulaya kokha nthomba inkapha anthu pafupifupi 400,000 chaka chilichonse. Sinkasankha wolemera kapena wosauka. Mfumukazi Mary II ya ku Mangalande idafa nayo m'chaka cha 1694, ndipo Mfumu Louis XV ya ku France idafa nayo m'chaka cha 1774.

Komabe anthu adaazindikira chinthu chimodzi: munthu amene wadwala nthomba n'kuchira sadwalanso kachiwiri. Choncho ku China, ku India, ku Turkey ndi m'madera ambiri a mu Africa muno mudali mwambo wopatsa munthu nthomba mwadala, koma yochepa mphamvu. Ankatema pakhungu pang'ono, monga momwe amatemera mphini, n'kupakapo mafinya ochokera kwa wodwala. Kawirikawiri munthuyo ankadwala pang'ono n'kuchira, ndipo nthomba sinkamugwiranso. Dr David Livingstone adaupeza mwambo umenewu pakati pa Abakwena, m'dziko limene lero ndi Botswana. Ngakhale liwu lathu loti katemera, tikalimvetsera bwino, likuchokera ku kutemera komweko.

Azungu adachita kuphunzira mwambowu kwa ena. Ku Boston, ku America, kapolo wina wochokera ku Africa, Onesimus, ndiye adafotokozera mbusa Cotton Mather, ndipo njirayi idayesedwa pa mliri wa 1721. Ku Mangalande adaubweretsa ndi mayi, Lady Mary Wortley Montagu. Iwo adaataya mlongo wawo ndi nthomba, ndipo eni akewo adatsala ndi zipsera kumaso. Ali ku Turkey, kumene amuna awo adali kazembe, adaona amayi okalamba akutemera ana. Adatemeretsa mwana wawo wamwamuna m'chaka cha 1718, ndipo atabwerera ku London adatemeretsanso wamkazi m'chaka cha 1721.

Vuto la njirayi lidali lakuti inali nthomba yeniyeni ndithu. Mwa anthu 100 otemeredwa, mmodzi kapena awiri ankamwalira, ndipo wotemeredwayo ankatha kupatsira anzake, mliri n'kuyambira pomwepo.

Mwana wamasiye wa ku Berkeley

Edward Jenner adabadwa pa 17 May 1749 m'tauni yaing'ono ya Berkeley, m'chigawo cha Gloucestershire, dera la alimi a ng'ombe za mkaka. Bambo ake, a Stephen Jenner, adali wansembe wa mpingo wa Anglican pa parishi ya Berkeley. Edward adali wachisanu ndi chitatu mwa ana asanu ndi anayi. M'chaka cha 1754, ali ndi zaka zisanu zokha, mayi ake adamwalira, ndipo patangopita nthawi yochepa bambo akenso adatsatira. Adaleredwa ndi achemwali ake pamodzi ndi mkulu wake Stephen, amenenso adadzakhala wansembe. Tikamasunga ana amasiye m'makomo mwathu, tizikumbukira kuti munthu amene tikukamba pano adaleredwa chimodzimodzi.

Ali ndi zaka zisanu ndi zitatu, Edward adatemeredwa nthomba mwa njira yakale ija. Madokotala a nthawi imeneyo ankakhulupirira kuti mwana ayenera kuyamba wafooketsedwa. Kwa milungu ingapo ankamupatsa chakudya chochepa, kumuchotsa magazi ndi kumumwetsa mankhwala otsegula m'mimba. Atamutemera adamutsekera m'khola pamodzi ndi ana ena mpaka nthendayo itatha. Adachira, koma sadaiwale zowawa zimenezi moyo wake wonse.

Atafika zaka pafupifupi 14 adakayamba kuphunzira udokotala kwa a Daniel Ludlow ku Chipping Sodbury, ndipo adakhalako zaka zisanu ndi ziwiri. M'chaka cha 1770 adapita ku London, ku chipatala cha St George's, kukaphunzira kwa dokotala wotchuka wa maopaleshoni, a John Hunter. A Hunter adamuphunzitsa kuti nkhani ya zaumoyo siitha ndi kungoganiza kapena kungomva, koma munthu ayenera kuyesa, kuona ndi maso ndi kulemba zimene waona. Mwayi wokhazikika ku London udalipo, koma mnyamatayu adasankha kubwerera kwawo ku Berkeley kukathandiza anthu a kumudzi.

Dokotala wokonda kuonetsetsa zinthu

Atabwerera kwawo, a Jenner ankayenda pa hatchi m'midzi ndi m'mafamu kuona odwala, mvula kapena chisanu. Adali munthu wokonda nyimbo, maluwa ndi mbalame. Adakhala zaka zambiri akufufuza mbalame ina ya kwawoko yotchedwa cuckoo, imene imaikira dzira lake m'chisa cha mbalame ina. Iwo ndiwo adaonetsa kuti mwana wa cuckoo akangoswa amakankhira kunja mazira ndi anapiye a mwini chisa. Chifukwa cha kafukufuku ameneyu adalandiridwa m'bungwe lalikulu la akatswiri a sayansi la Royal Society m'chaka cha 1789.

M'chaka cha 1788 adakwatira a Catherine Kingscote, ndipo adabereka ana atatu: Edward, Catherine ndi Robert. Mayi Jenner adali odwaladwala chifuwa chachikulu, ndipo banjali lidakhala ndi nkhawa imeneyi zaka zambiri.

Kwathu kuno ng'ombe zimakhala m'manja mwa abambo ndi anyamata, koma kwawo kwa a Jenner ntchito yokama inkagwiridwa kwambiri ndi atsikana. Nthawi zina ng'ombe zinkatuluka timatuza kumabere, nthenda imene ankaitcha nthomba ya ng'ombe. Wokama ankatengera timatuzato m'manja, n'kumva kuphwanya thupi masiku ochepa, basi n'kuchira. Pakati pa alimi padali mbiri yakuti munthu amene wadwalapo nthomba ya ng'ombe sagwidwa ndi nthomba ya anthu. Madokotala ambiri a m'tauni ankaiona ngati nkhambakamwa ya anthu osaphunzira. A Jenner adaimvetsera, paja amati mawu a akulu akoma akagonera. Adayamba kulemba mayina a anthu amene adadwalapo nthomba ya ng'ombe, ndipo adaona kuti anthu otere akatemeredwa nthomba mwa njira yakale ija, nthendayo sinkagwira.

Tiyenera kunena chilungamo kuti iwo sadali oyamba kuyesa. M'chaka cha 1774 mlimi wina wa ku Dorset, a Benjamin Jesty, adatemera akazi awo ndi ana awo aamuna awiri ndi mafinya a ng'ombe pa nthawi ya mliri. Onse adapulumuka, ngakhale mkono wa mayiwo udatupa kwambiri ndipo anansi adawanyoza a Jesty koopsa. Chimene a Jenner adawonjezera ndi kuyesa mwadongosolo, kulemba zonse ndi kuuza dziko lonse.

Tsiku la 14 May 1796

M'mwezi wa May 1796, mtsikana wokama ng'ombe, Sarah Nelmes, adabwera kwa a Jenner ali ndi timatuza padzanja. Adatengera kwa ng'ombe yotchedwa Blossom. Pa 14 May a Jenner adatenga timadzi ta m'matuzawo n'kutemera pamkono pa James Phipps, mnyamata wa zaka zisanu ndi zitatu, mwana wa bambo amene ankawagwirira ntchito m'munda wa maluwa. James adatentha thupi pang'ono, chakudya osachifuna, koma patatha masiku ochepa adadzuka n'kumasewera.

M'mwezi wa July chaka chomwecho a Jenner adamutemera James nthomba yeniyeni ya anthu, mwa njira yakale imene iwonso adadutsamo ali mwana. Nthomba sidagwire. Adabwerezanso nthawi ina, koma mnyamatayo sadadwale.

Ife amayi tikamva zimenezi mtima umatisiya, poganizira mayi ake a James. Masiku ano palibe dokotala amene angaloledwe kuyesa mankhwala pa mwana mwa njira yotere. Katemera aliyense amayamba wayesedwa m'magawo angapo, pa anthu ambiri amene avomera okha, ndipo mabungwe a boma amaunika zotsatira zake asanalole kuti afike kusikelo. Koma tikumbukirenso kuti m'masiku amenewo kutemera ana nthomba yeniyeni kudali kofala, ndipo a Jenner ankafunafuna njira yoti ana asamadutsenso m'zoopsa zimenezo.

Chimene chidachitika m'thupi la James lero tikuchidziwa. Kachilombo ka nthomba ya ng'ombe ndi ka nthomba ya anthu ndi tapachibale, timafanana kwambiri. Thupi likakumana ndi kofookako limapanga chitetezo, ndipo limasunga chikumbukiro cha mdaniyo. Tsiku limene koopsako kafika, thupi limakazindikira msanga n'kukagonjetsa kasanachuluke. Umu ndi momwe katemera aliyense amagwirira ntchito mpaka lero. A Jenner sankadziwa za tizilombo timeneti, pakuti sayansi ya tizilombo idadza iwo atamwalira kale. Adangoona kuti zikutheka, ndipo adatsimikiza poyesa.

Kukanidwa ndi kunyozedwa

M'chaka cha 1797 a Jenner adatumiza zimene adapeza ku Royal Society, koma sizidalandiridwe, poti umboni udali wochepa. Sadakhumudwe n'kusiya. Adadikira kuti nthomba ya ng'ombe ibukenso, ndipo m'chaka cha 1798 adatemera ana ena angapo, kuphatikizapo mwana wawo Robert amene adali ndi miyezi 11. Adaonetsanso kuti katemera angathe kuchoka pamkono wa mwana mmodzi kupita pa wina popanda kubwerera kwa ng'ombe. Chaka chomwecho adasindikiza ndi ndalama zawo kabuku kofotokoza za anthu 23. M'Chilatini ng'ombe amati vacca, ndipo m'menemo ndimo mudachokera dzina la katemera m'Chingerezi ndi m'zinenero zambiri za ku Ulaya.

Adapita ku London n'kukhalako miyezi itatu kufunafuna anthu oti awatemere, koma sadapeze ndi mmodzi yemwe. Adasiya katemerayo kwa dokotala mnzawo, a Henry Cline, amene adamuyesa n'kuona kuti akugwira ntchito. Kuyambira pamenepo mbiri idayamba kufala.

Otsutsa nawo adachuluka. Madokotala ena amene ankapeza ndalama ndi njira yakale ija adaopa kuti malonda awo atha. Anthu ena ankati kuika zochokera ku nyama m'thupi la munthu ndi tchimo. M'chaka cha 1802 katswiri wojambula, James Gillray, adatulutsa chithunzi choseketsa cha anthu otemeredwa akumera nyanga ndi timitu ta ng'ombe m'thupi, kusonyeza mphekesera zimene zinkayenda. Komabe atsogoleri ena a mipingo adaima ndi a Jenner. Mbusa Rowland Hill, mnzawo, adaphunzira kutemera ndipo adatemera anthu ambirimbiri ndi manja ake.

Amayi anzathu, tikamva mphekesera zakuti katemera amatseka mimba kapena kuti ndi chizindikiro cha zoipa, tidziwe kuti nkhani zotere sizidayambe lero. Zidayamba pamodzi ndi katemera woyamba. Palibe adamera nyanga, koma ambiri mwa okana adaikidwa m'manda ndi nthomba.

Mphatso yosagulitsa

A Jenner akadafuna akadabisa njira yawo n'kulemera nayo kwambiri. Iwo adasankha kuigawa kwaulere. Ankaumitsa katemera pa ulusi ndi pa timinyanga n'kutumiza kwa aliyense wopempha, ndipo ankakhalira kuyankha makalata ochokera m'maiko ambiri. M'munda wa kunyumba kwawo mudali kanyumba kofolera ndi udzu, ndipo m'menemo ankatemera anthu osauka popanda kulipiritsa. Ntchito yawo ya udokotala idalowa pansi chifukwa cha zimenezi, mpaka chuma chawo chidachepa. Nyumba ya Malamulo ya ku Britain idawapatsa mapaundi 10,000 m'chaka cha 1802 ndi ena 20,000 m'chaka cha 1807. Adayesa kukakhazikika ku London, koma sizidawayendere, ndipo adabwerera kumudzi.

Katemera adafika ku America m'chaka cha 1800 ndi ku India m'chaka cha 1802. Napoleon wa ku France, ngakhale adali pa nkhondo ndi Britain, adalamula kuti asilikali ake atemeredwe, ndipo adamasula akaidi ena a ku Mangalande chifukwa a Jenner adawapepesera.

Ulendo wina umatikhudza kwambiri ife amayi. M'chaka cha 1803 mfumu ya ku Spain idatumiza sitima ya pamadzi yopita ku America motsogozedwa ndi dokotala Francisco Javier de Balmis. Mafiriji kudalibe, ndipo katemera wouma ankatha mphamvu pa ulendo wautali. Choncho adatenga anyamata 22 a kunyumba ya ana amasiye. Ankatemera awiri, matuza awo akapsa n'kutengapo kutemera awiri ena, mpaka kuwoloka nyanja. Amene ankawasamalira ana amenewa usiku ndi usana adali mayi Isabel Zendal, woyang'anira nyumba ya ana amasiyeyo, amene adatenganso mwana wawo weniweni pa ulendowo. Kudzera mwa ana amenewa katemera adafika ku Mexico, ku South America, ndipo pambuyo pake ku Philippines.

Masiku awo otsiriza

Munthu amene adapulumutsa ana a eni ake adalephera kupulumutsa a m'nyumba mwake, pakuti chifuwa chachikulu chidalibe mankhwala. Mwana wawo woyamba, Edward, adamwalira nacho m'chaka cha 1810 ali ndi zaka 21, ndipo akazi awo adamwalira m'chaka cha 1815. Kuyambira pamenepo a Jenner adakhala phee ku Berkeley, akuthandiza odwala ndi kuonerera mbalame zawo. James Phipps sadamuiwale. Atakula n'kukhala pabanja, adamupatsa nyumba yoti azikhalamo osalipira lendi. M'chaka cha 1821 Mfumu George IV idawasankha kukhala mmodzi mwa madokotala ake aulemu.

A Jenner adadwala sitiroko ndipo adamwalira pa 26 January 1823 ali ndi zaka 73. Adaikidwa m'tchalitchi cha St Mary's ku Berkeley, momwe bambo awo adatumikira, ndipo James Phipps adali nawo pa maliro. Chikopa cha ng'ombe ija, Blossom, chidasungidwa kusukulu ya udokotala ya St George's ku London.

Adali munthu ngati ife, ndipo pena adalakwitsa. Ankakhulupirira kuti katemera mmodzi amateteza moyo wonse, koma pambuyo pake kudadziwika kuti mphamvu yake imachepa ndi zaka ndipo pamafunika kubwereza. Njira yochotsa katemera pamkono wa wina kupita pa wina nayo inkatha kufalitsa matenda ena monga chindoko, choncho idasiyidwa ndipo katemera adayamba kupangidwa mwaukhondo.

Kutha kwa nthomba

M'chaka cha 1840 Britain idaletsa njira yakale yotemera nthomba yeniyeni, ndipo m'chaka cha 1853 idalamula kuti makanda onse azilandira katemera. Koma m'maiko otentha ngati athu nthomba idakhalitsa. Chifukwa chimodzi chidali chakuti katemera wamadzi ankaonongeka ndi kutentha asanafike kumidzi, moti anthu ena ankatemeredwa koma n'kudwalabe, ndipo izi zinkachotsa chikhulupiriro. M'zaka za m'ma 1950 akatswiri adapeza njira youmitsa katemera kuti azipirira kutentha, ndipo m'zaka za m'ma 1960 kudabwera kasingano ka mphanda kosavuta kugwiritsa ntchito.

M'chaka cha 1967 bungwe la zaumoyo pa dziko lonse la WHO lidalimbitsa ntchito yothetseratu nthomba. Nthawi imeneyo anthu oposa 10 miliyoni ankadwalabe chaka chilichonse. Magulu otemera adayenda mudzi ndi mudzi, ndipo kulikonse kumene kwapezeka wodwala ankamupatula n'kutemera onse omuzungulira. M'Malawi muno nthomba idatha kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1970. Ambiri mwa amayi akuluakulu pakati pathu ali ndi chipsera chozungulira paphewa chochokera nthawi imeneyo. Munthu womaliza kutenga nthomba mwachilengedwe adali Ali Maow Maalin wa ku Merca, ku Somalia, m'mwezi wa October 1977, ndipo adachira. Pa 8 May 1980 msonkhano waukulu wa WHO udalengeza kuti nthomba yatha pa dziko lonse. M'zaka za m'ma 1900 zokha idaapha anthu pafupifupi 300 miliyoni. Mpaka lero ndi nthenda yokhayo ya anthu imene idathetsedwa kotheratu.

Kuchokera ku Berkeley kufika kusikelo kwathu

Ena adapitiriza pamene a Jenner adasiyira. Louis Pasteur wa ku France adapanga katemera wa chiwewe m'chaka cha 1885, ndipo ndiye adapempha kuti dzina lochokera ku ng'ombe lija ligwiritsidwe ntchito pa katemera aliyense, polemekeza a Jenner. Katemera wa BCG, woteteza makanda ku chifuwa chachikulu, nthenda yomwe idatenga mkazi ndi mwana wa a Jenner, adayamba kuperekedwa m'chaka cha 1921. Wa poliyo adadza m'chaka cha 1955, wa chikuku m'chaka cha 1963. M'chaka cha 2019 dziko lathu lidayamba kupereka katemera woteteza atsikana ku khansa ya khomo la chiberekero, ndipo m'mwezi wa April chaka chomwecho Malawi lidakhala dziko loyamba kuyamba kupereka katemera wa malungo kwa ana m'maboma osankhidwa, Ghana ndi Kenya n'kutsatira.

Mliri wa Covid-19 udalowa m'dziko muno m'mwezi wa April 2020, ndipo tonse tikukumbukira January 2021, pamene nduna ziwiri za boma zidamwalira tsiku limodzi. Katemera woyamba adafika m'mwezi wa March 2021, okwana 360,000, wa mtundu wa AstraZeneca. Katemera ameneyu adapangidwa ndi akatswiri a pa yunivesite ya Oxford, ku malo ofufuzira otchedwa Jenner Institute, dzina la dokotala wa kumudzi yemwe uja. Koma mantha ndi mphekesera zidabweza anthu ambiri, ndipo m'mwezi wa May 2021 boma lidatentha katemera oposa 19,000 amene masiku ake adaatha asanagwiritsidwe ntchito.

Matenda amabwerera tikalekerera. M'chaka cha 2010 chikuku chidabuka m'dziko muno n'kugwira anthu oposa 100,000. M'mwezi wa February 2022 kudalengezedwa kuti mwana wina ku Lilongwe wapuwala ndi poliyo, patatha zaka 30 nthendayi isadaoneke kuno, ndipo chaka chomwecho idapezekanso mwa ana ena m'chigawo cha Tete ku Mozambique. Ife a ku Dedza tikudziwa kuti malire amenewa timawoloka tsiku ndi tsiku, ku misika, ku maukwati ndi ku maliro. Zidatengera alangizi a zaumoyo kuyenda khomo ndi khomo maulendo angapo, kudonthezera ana mamiliyoni katemera m'kamwa, kuti mliriwo uzime.

Gawo lathu

M'mbiri yonseyi tapezamo amayi: Lady Mary amene adayamba ndi ana ake, Sarah Nelmes wokama ng'ombe, mayi Jesty amene adapereka mkono wawo, ndi mayi Zendal amene adawoloka nyanja ndi ana amasiye. Katemera akhoza kupangidwa ku Oxford, koma amene amabereka mwana kumsana kupita naye kusikelo ndi ife.

Tiyeni madzulo ano titsegule kabuku ka mwana aliyense wa pakhomo pathu. Khanda limalandira BCG ndi madontho a poliyo likangobadwa, kenako limabwerera pa milungu 6, 10 ndi 14. Katemera wa chikuku amaperekedwa pa miyezi 9, ndipo wachiwiri pa miyezi 15. Wachiwiriyu ndiye ambiri timaiwala, poti mwana wayamba kuyenda ndipo ntchito za kudimba zachuluka. Ngati tsiku lidatipitirira, tisachite manyazi. Tipite, mlangizi akapitiriza pamene tidalekezera. Mwana akatentha thupi pang'ono kapena pobayapo pakatupa, zimatha m'masiku ochepa, koma zikapitirira tibwerere naye kuchipatala.

Ife agogo ndi apongozi mawu athu amamveka pakhomo, choncho tiwagwiritse ntchito polimbikitsa ana athu oyembekezera kulandira katemera wa kafumbata, ndi kulola adzukulu athu aakazi kulandira wa khansa ya khomo la chiberekero nthawi yawo ikakwana. Tikamva nkhani yotiopsa pa foni kapena pa chitsime, tikafunse kwa azaumoyo tisanaiuze wina, paja safunsa adadya phula. Ndipo tikaona mnzathu wasiya kupita kusikelo, mwina chifukwa cha matenda, mtunda kapena mantha, timuyendere ndi kumuperekeza, pakuti mwana wa mnzako ndi wako yemwe.